Rauta, swichi, ekisitenda kapena mesh: musanagule kabokosi kena dziwani kaye chimene chikuperewera

Funso limene ndimafunsidwa pafupipafupi ndi loti "ndigule rauta iti?" ndipo nthawi zambiri wofunsayo rauta ali nayo kale, yabwinobwino, ili pa shelefu ikuthwanima timagetsi take. Vuto lake ndi lina. Mwina mapoti amuthera, mwina Wi-Fi sikufika kuchipinda chakumapeto, pena ndi pulinta imene ikuoneka pa kompyuta imodzi koma pa inzake ayi. Nde poti timabokosi tonseti timafanana, pulasitiki yakuda kapena yoyera, timagetsi tobiriwira kutsogolo, mabowo kumbuyo, munthu amangotitcha tonse rauta nkukagula ina, kubwera nayo kunyumba mavuto mmalo mochepa achita kuwirikiza. Paja safunsa anadya phula.

Chimene chimasokoneza anthu nchoti kabokosi kamene kampani ya intaneti imakusiyirani si chinthu chimodzi ayi, nthawi zambiri ndi zinthu zinayi zopanikizidwa malo amodzi. Mkatimo muli modemu, muli rauta, muli kaswichi kakang'ono kamene ndi mapoti anayi akumbuyo aja, komanso muli access point imene imatulutsa Wi-Fi. Mukangogwira zimenezi funso limasintha lokha, silikhalanso loti ndigule bokosi liti koma loti pa ntchito zinayizi yomwe ikuperewera ndi iti.

Modemu sitichedwapo. Ntchito yake ndi kumasulira basi, kunja kukubwera sigino ya mtundu wina, kaya pa waya wa telefoni wa DSL, kaya pa kebulo yonenepa ngati ya TV ija, kaya ndi kuwala kodutsa mu faiba, kaya 4G kapena 5G ya pa simu kadi, iyo imasandutsa zimenezo kukhala Ethernet, chilankhulo cha netiweki ya mawaya, imene zipangizo zanu zimamva. Ya faiba amaitcha ONT. Apa simusankha inu kwenikweni, chimene chikulowa mnyumbamo ndi chimene chimakusankhirani, ya DSL simungaizike pa faiba.

Rauta ndiye mlonda wa pageti komanso kapitawo wa mkati. Kampani ya intaneti imakupatsani adilesi imodzi ya IP, koma inu muli ndi mafoni asanu, malaputopu awiri, TV ndi pulinta, nde rauta imagawira chilichonse adilesi yake ya mkati, zija zoyamba ndi 192.168 kapena 10, ntchito imeneyi ndi imene amati DHCP, kenako zonsezo zikamatuluka kunja imazibisa kuseri kwa adilesi imodzi ija, imeneyo ndiye NAT, ndipo yankho likabwera imakumbukira kuti anafunsa ndani. Alendo osaitanidwa ochokera pa intaneti imawabweza pageti pomwepo. Poti ya WAN, imene kawirikawiri imakhala ya mtundu wina, ndi yoyang'ana kunja, ma LAN ndi amkati. Kanthu kena kothandiza, mukaona kompyuta yanu yadzipatsa adilesi yoyamba ndi 169.254 dziwani kuti inafunsa adilesi koma palibe anaiyankha, nde musalimbane ndi kampani ya intaneti, vuto lili pakati pa kompyutayo ndi rauta yanu.

Ndipo pa netiweki yaing'ono kapitawo amafunika mmodzi. Awiri ndi ndewu. Ndibwereranso pa nkhani imeneyi.

Tsopano tinene kuti mapoti atha, mukufuna kulumikiza makompyuta ena asanu. Njira zilipo zitatu, habu, swichi, kapena rauta yakale imene ili mu kabati.

Habu ndi gogo wa zonsezi. Ethernet inayambira ku Xerox PARC mu 1973 ndi Robert Metcalfe ndi anzake, ndipo masiku amenewo makompyuta onse ankakhala pa kebulo imodzi yaitali, aliyense akumva za mnzake. Mawaya opota aja atabwera ndi 10BASE-T mu 1990 habu inangotenga khalidwe lomwelo nkuliika mu bokosi. Ilibe nzeru olo pang'ono, chimene chalowa pa poti imodzi imachifuulira pa mapoti onse, kaya nchanu kaya si chanu. Makompyuta awiri akayankhula nthawi imodzi mawu amagundana, onse amakhala kaye chete, aliyense nkudikira kanthawi kake kenako nkuyesanso, ndipo anthu akachuluka kugundanako kumachulukanso mpaka netiweki imangokwawa. Simungatumize ndi kulandira nthawi imodzi, sipidi yonse mumagawana, komanso munthu wokhala ndi pulogalamu yoyenera akhoza kumamvetsera zimene ena akutumiza. Habu zatsopano masiku ano nzosowa kwabasi, ndipo mukaipeza ina ili pakona pa ofesi ikugwirabe ntchito ipumitseni, yakalamba. Chenjezo nloti ogulitsa ambiri amatchulabe swichi kuti habu, nde werengani zimene zalembedwa pa bokosi osati zimene akunena pakamwa.

Swichi imaoneka chimodzimodzi koma mutu wake ndi wina. Chipangizo chilichonse cha pa netiweki chili ndi nambala yake yobadwa nayo, adilesi ya MAC, ya mabiti 48, imalembedwa ngati timagulu sikisi ta zilembo ndi manambala. Swichi ikangoyaka imayamba kumvetsera, uthenga ukalowa pa poti 3 imalemba kuti aha, MAC yakuti imakhala pa poti 3, ndipo pakapita kanthawi yadziwa aliyense pamene amakhala, uthenga wa pulinta umapita kwa pulinta yokha basi. Kugundana kuja kulibe, aliyense ali ndi msewu wake, kutumiza ndi kulandira nthawi imodzi. Kampani ya Kalpana ndi imene inatulutsa swichi zoyambirira za Ethernet cha mu 1990, Cisco nkuigula mu 1994, ndipo kuchokera pamenepo habu inayamba kulowa pansi. Pa vuto la mapoti yankho ndi swichi, palibe zokambirana, nkhani ndi yoti swichi yake iti.

Choyamba werengani mapoti. Zimabwera za 5, 8, 16, 24 ndi 48, koma kumbukirani kuti poti imodzi idyedwa ndi waya wochokera ku rauta, nde ya 5 ndi ya 4, ya 8 ndi ya 7. Ine ndimati ngati lero mukufuna anayi gulani ya 8, zipangizo zimaswana, chaka chisanathe mubwera ndi kamera kapena TV ina.

Chachiwiri ndi sipidi, ndipo apa mpamene anthu amapusitsika. Pa bokosi pakalembedwa 10/100 kapena Fast Ethernet, mawu oti Fast asakunamizeni, inali yothamanga mu 1995. Mukufuna yolembedwa 10/100/1000 kapena Gigabit, imene inabwera pa mawaya a kopa mu 1999 ndipo lero kusiyana kwa mtengo wake nkochepa zedi. Tiwerengere limodzi. Mabiti 8 ndi baiti imodzi, nde 100 Mbps imakupatsani ma MB 11 kapena 12 pa sekondi, pamene gigabit imafika cha mma 110. Fayilo ya 10 GB pa yoyambayo mudikira pafupifupi mphindi 15, pa inayo mphindi imodzi ndi theka. Wina anena kuti intaneti yanga ndi ya 20 Mbps chabe gigabit ndichita nayo chani, zoona, pa YouTube simuona kusiyana, koma tsiku lokopera mavidiyo kuchoka pa kompyuta kupita pa seva ya mkati mudzandikumbukira. Ziliponso za 2.5 gigabit, muyezo wake unatuluka mu 2016 ndipo zimayenda pa mawaya omwewo, zabwino ngati muli ndi NAS, kabokosi kosungiramo mafayilo pa netiweki, kapena mumasuntha mafayilo akuluakulu tsiku ndi tsiku, apo ayi ndi zokongoletsa chabe.

Chachitatu, yoseta kapena yosaseta. Unmanaged mumangozika mawaya nkuiwala, ilibe pasiwedi, ilibe tsamba loti mulowemo, kunyumba ndi pa kaofesi ka anthu asanu ndi yokwana. Managed imakulolani kugawa swichi imodzi kukhala ngati zingapo, ma VLAN, kuti makamera akhale kwaokha, alendo kwaokha, a maakaunti kwaokha, imakuonetsani poti imene ikudya kwambiri, mukhoza kutseka poti muli pampando. Koma chimene ndimaikondera kwambiri ine ndi china, ndipo ndinachiphunzira movutika.

Tsiku lina pa ofesi ina imene ndinkathandizako netiweki yonse inangoti zii mmawa, imelo sikutseguka, pulinta yaleka, aliyense akundiyang'ana ngati ndine ndazimitsa. Ndinazimitsa rauta nkuyatsanso, palibe. Kufika pa swichi ndinapeza timagetsi tonse tikuphethira pamodzi ngati tapenga, osati mmene timachitira masiku onse aka apa aka apo. Ndinayamba kuzula mawaya umodziumodzi, nditazula wina wake zonse zinakhala bata pompo. Kuutsata waya uja, kani munthu wina pokonza pansi pa desiki anaona waya ukulendewera, mwa ufulu wake nkuuzika pa soketi ya pakhoma imene inali yopanda kanthu, osadziwa kuti mbali inayo inali kale pa soketi ina yopita ku swichi yomweyo. Swichi ikudzilankhulira yokha. Mauthenga aja opita kwa onse amatuluka pa poti iyi nkulowera pa iyo, nkutulukanso, osatha, chifukwa pa Ethernet palibe chowerengera choti uthenga wazungulira kokwana ufe. Mankhwala ake anawapeza Radia Perlman mu 1985, Spanning Tree Protocol, imene imazindikira kuti pali kuzungulira nkutseka njira imodzi. Ma managed ali nayo, ma unmanaged ambiri alibe. Nde pamene pali anthu ambiri ndi masoketi ambiri a pakhoma, manja ambiri ogwiragwira, managed ndi yofunika olo ma VLAN musawagwiritse ntchito.

Kenako PoE, kutanthauza magetsi oyenda mu waya womwewo wa netiweki. Ngati mukuika makamera, mafoni a pa desiki a IP kapena access point kudenga, izi zimakupulumutsani kukoka waya wina wa magetsi, komanso mukaika swichi pa UPS, kabokosi ka batire kosunga magetsi, zonsezo zimakhalabe zoyaka magetsi akathima. Muyezo wa 802.3af wa 2003 umapereka mawati 15.4 pa poti, 802.3at wa 2009 umafika 30, ndipo 802.3bt wa 2018 umafika 60 mpaka 90. Musangoona mawati a pa poti, onaninso a swichi yonse, ikhoza kukhala ya mapoti 8 koma mphamvu yake yonse ikukwanira makamera anayi okha. Ngati chofuna magetsi ndi chimodzi chokha musavutike ndi swichi ya PoE, kachipangizo kotchedwa injector, kothira magetsi mu waya umodzi wa netiweki, kakwana. Samalani ndi passive PoE, zambiri ndi za mavoti 24, zimenezi sizifunsa kaye kuti kodi iwe umadya magetsi, zimangothira, nde mukazika cholakwika mukhoza kuotcha poti. Za muyezo zija zimayamba zafunsa.

Nanga rauta yakale ija? Imatheka, ndipo ndi yaulere, koma apa mpamene pamabwera ndewu ya akapitawo awiri. Mukatenga waya kuchoka ku rauta yoyamba nkuuzika pa WAN ya yachiwiri, intaneti iyenda ndithu, koma mwapanga netiweki ina mkati mwa inzake, NAT iwiri, ndipo ndi pamene pulinta imaoneka kwa ena kwa ena ayi, magemu a pa intaneti amadandaula, kamera simuiona mukakhala kunja. Mukazika pa LAN osazimitsa DHCP nde zoipa kuposa, awiri akugawa maadilesi, foni ina ilandira kwa wolakwika nkumaonetsa kuti yakonekita koma intaneti palibe, mawa lake ikugwira, mkuja yasiya, mpaka mudzayamba kukhulupirira zamatsenga. Njira yake ndi iyi, lowani mu rauta yakaleyo, ngati ili ndi access point mode sankhani imeneyo mwatha. Ngati ilibe zimitsani DHCP, ipatseni adilesi ya mu netiweki yanu imene palibe akuigwiritsa ntchito, waya uchoke pa LAN upite pa LAN, WAN isiyeni yopanda kanthu. Kungoti onani msinkhu wake, ngati mapoti ake ndi a 100 Mbps kapena chitetezo chake chimathera pa WEP kapena WPA yoyamba, itayeni. WEP inathyoledwa kalekale, WPA2 ilipo kuyambira 2004 ndipo WPA3 kuyambira 2018.

Tafika pa nkhani imene imadya ndalama za anthu kwambiri, Wi-Fi yosafika.

Musanagule kanthu sunthani kaye rauta. Ndaonapo marauta ali pansi kuseri kwa TV, mu kabati yachitsulo, pakona penipeni pa nyumba theka la sigino likupita panja. Ikwezeni mmwamba, pakatikati, poyera, kutali ndi maikulowevu chifukwa nayo imagwira pa 2.4 GHz. Nthawi zina nkhani imathera pomwepa osatulutsa kanthu mthumba. Dziwaninso kuti 2.4 GHz imafika patali ndipo imaboola makoma bwinoko koma ndi yodzadza, Bluetooth ili momwemo, marauta a oyandikana nawo ali momwemo, ndipo matchanelo osaponderezana ndi atatu okha, 1, 6 ndi 11. Ya 5 GHz ndi yothamanga, malo ambiri, koma khoma la konkire limaifooketsa msanga. Ya 6 GHz imene inabwera ndi Wi-Fi 6E ndiye yoyera kwambiri koma ndi ya pafupi, komanso foni yanu iyenera kukhala yoidziwa. Ndipo manambala akuluakulu a pa bokosi aja musawakhulupirire kwambiri, AC1200 ndi 300 ya pa 2.4 kuphatikiza 867 ya pa 5, angophatikiza nkuzunguliza, foni imodzi simagwiritsa ntchito zonse ziwiri nthawi imodzi, ndipo ena mwa marauta amenewa kumbuyo mapoti ake ndi a 100 Mbps, ndiye 1200 ija idutsira pati?

Kusuntha kukakanika mwatsala ndi njira zinayi.

Ekisitenda, ena amati ripita, ndi imene aliyense amathamangira chifukwa ndi yotchipa ndipo mumangoizika pa soketi. Imamva zimene rauta yanena nkuzibwereza. Vuto nloti zambiri zili ndi wailesi imodzi yomvera ndi yoyankhulira, singachite ziwirizi nthawi imodzi, nde uthenga uliwonse umadutsa mlengalenga kawiri ndipo sipidi imatsika pafupifupi ndi theka. Chachiwiri anthu amaiika mchipinda momwe Wi-Fi sikufikamo, eti poti ndi mmene muli vuto, koma iyo singabwereze chimene sikumva. Foni ionetsa mizere yonse yodzadza, mtima mmalo, koma tsamba osatseguka, chifukwa mizereyo ikukuuzani za mtunda wa pakati pa foni ndi ekisitenda, za pakati pa ekisitenda ndi rauta sikukuuzani. Malo ake ndi pakati pa njira, pamene sigino ya rauta ikadali yamphamvu. Pa chipinda chimodzi, munthu mmodzi wongowerenga mauthenga, ingathandize. Pa ma video call ndi anthu ambiri ayi ndithu, ndipo kulumikiza ekisitenda pa ekisitenda inzake ndiye kudzizunza.

Mesh ndi ekisitenda imene inapita kusukulu. Mumagula timabokosi tiwiri kapena titatu topangidwa kuti tizimvana, dzina la Wi-Fi limodzi nyumba yonse, mukamayenda foni imathandizidwa kusamukira pa kamene kali pafupi, kuseta kwake ndi pa app ya pafoni mphindi zochepa. Chimene muyenera kufunsa ndi njira imene timabokosito timalankhulirana tokhatokha, amati backhaul. Za mabandi awiri, 2.4 ndi 5 GHz basi, zimagawana wailesi ndi mafoni anu nde kavuto ka theka kaja kakadalipo, za mabandi atatu zambiri zimapatula wailesi imodzi ya ntchito imeneyi, nzodulirapo koma kusiyana kumaoneka. Ndipo makoma ndi makoma, ngati konkire ikuletsa rauta iletsanso mesh, matsenga palibe. Kwa munthu wa lendi amene saloledwa kuboola khoma, kapena amene safuna kuona waya ndi maso, mesh ndi imene ndingamuuze. Kumbukirani kuti kabokosi koyamba ka mesh nako ndi rauta, nde nkhani ya akapitawo awiri ija ibweranso, ikani bokosi la kampani pa bridge mode, kutanthauza lisiye ntchito ya rauta likhale modemu chabe, kapena mesh pa access point mode.

Powerline ndi timaadaputa tiwiri todutsitsa netiweki mu mawaya a magetsi a mnyumba, kena pafupi ndi rauta kena kuchipinda. Iyi ndi njuga. Nyumba ina imayenda bwino zaka, nyumba ina olo kulumikizana osalumikizana, zimatengera mmene mawaya anayendera, ngati masoketi awiriwo ali pa phase imodzi, kutanthauza mzere umodzi wa magetsi olowa mnyumba, ndi phokoso la machaja ndi mamota amene ali pa mzere womwewo. Nambala ya pa bokosi, AV1000 kaya AV2000, mudzaona kachigawo chabe. Izikeni pakhoma penipeni, pa ekisitenshoni yoteteza ku magetsi amphamvu ayi, imasefa sigino yomweyo. Mukamagula onetsetsani kuti mukhoza kubweza.

Yachinayi ndi imene ine ndimaimirira, ndipo anthu sakonda kuimva chifukwa imafuna makwerero ndi kubowola: kokani waya umodzi kuchoka ku rauta kapena swichi, kumapeto kwake muike access point. Sipidi simagawidwa, makoma a pakati alibenso ntchito chifukwa waya wawadutsa, ndipo ya kudenga yokhala ndi PoE imangofuna waya umodzi womwewo basi. Mukaika ziwiri kapena zitatu zipatseni dzina ndi pasiwedi imodzi koma matchanelo osiyana, ndipo musazikweze mphamvu mpaka kumapeto, foni imakakamira pa yakutali imene ikufuula mmalo mosamukira pa yapafupi. Za Ubiquiti UniFi, TP-Link Omada ndi MikroTik ndi zina mwa zodziwika, ziwiri zoyambazo nzosavuta kuzolowera, MikroTik imachita zambiri koma imafuna munthu wodekha wokonda kuwerenga. Ngakhale mesh yomweyo mukailumikiza ndi waya imasanduka chinthu china, yambiri imalola. Ntchito ya tsiku limodzi, fumbi pang'ono, kenako zaka osaganizako.

Poti tanena za waya tiyeni tiuone pafupi, chifukwa mavuto ambiri amene anthu amanamizira rauta ali mmenemu. Mukausenda mupeza timawaya 8 topota tiwiritiwiri, kupotako ndi kumene kumateteza ku phokoso la magetsi nde musamasule kwambiri pomanga pulagi ya RJ45. Malire ake ndi mamita 100, kupitirira apo ikani swichi pakati kapena pitani ku faiba. Pa mitundu ya waya, Cat5e imanyamula gigabit mamita 100 onsewo ndipo kwa ambiri ndi yokwana. Cat6 ndi yonenepako, imatha 10 gigabit mpaka cha pa mamita 55, ngati mukukwirira mkhoma momwe simudzatsegulanso ikani imeneyi. Cat6a imafikitsa 10 gigabit pa 100 koma ndi youma, yovuta kupinda. Za Cat7 ndi Cat8 zimene amatsatsa kuti magemu aziyenda bwino, kunyumba simuonapo kusiyana kulikonse. Chimene muyenera kuopa ndi zilembo zitatu izi, CCA, waya wa aluminiyamu wongokutidwa ndi kopa pamwamba, ndi wopepuka, wotchipa, umathyoka msanga ndipo pa PoE umatentha nkutaya mphamvu. Palani kawaya kamodzi ndi mpeni, mkati mukaoneka moyera ngati siliva mwagula aluminiyamu.

Pomanga pulagi ambiri timatsata T568B, kugwira pulagi kakilipi kake kali pansi, kuyambira kumanzere: yoyera ya olenji, olenji, yoyera ya girini, buluu, yoyera ya buluu, girini, yoyera ya bulauni, bulauni. Mbali zonse ziwiri chimodzimodzi. Kale tinkapanga ma crossover, mawaya omangidwa mosiyana mbali ziwirizo, polumikiza makompyuta awiri mwachindunji koma zipangizo za masiku ano zimadzitembenuzira zokha. Kanthu kamene kanandidyera tsiku lathunthu nkakuti 100 Mbps imagwiritsa ntchito timawaya 4 tokha, pa mapini 1, 2, 3 ndi 6, pamene gigabit imafuna tonse 8. Ndinali ndi kompyuta ya gigabit, swichi ya gigabit, Cat6 watsopano, koma mafayilo akuyenda pa ma MB 11 osapitirira. Ndinasintha madiraiva, ndinasintha poti, ndinatukwana swichi, kenako poyang'anitsitsa pulagi pa kuwala ndinaona kawaya ka bulauni sikanafike kumapeto, kanatsala pang'ono chabe osakhudza pini. Netiweki sinafe, inangotsika mwakachetechete kupita pa 100. Kuyambira tsiku limenelo waya uliwonse ndimaupimitsa pa katesita kaja ka timagetsi 8, nkotchipa kuposa tsiku limene ndinataya. Maswichi ambiri amasinthanso mtundu wa kagetsi ka pa poti malinga ndi sipidi, muzikayang'ana.

Ngati mukulumikiza nyumba ziwiri zosiyana, waya wa kopa panja ndimauopa olo mtunda usafike mamita 100. Mphenzi ikagwa pafupi, kapena nyumba ziwirizo zikasiyana pa earth, waya umenewo ndi umene umanyamula tsokalo nkukalitula pa maswichi a mbali zonse. Faiba ndi galasi, magetsi sadutsamo, ya multimode ya OM3 imanyamula 10 gigabit mamita 300 ndipo ya single mode imayenda makilomita, mumangofuna maswichi okhala ndi poti ya SFP yolandira faiba kapena ma media converter awiri, timabokosi tolumikiza faiba ndi waya wa kopa, ndipo mukhoza kugula yomangidwa kale mitu kuti musavutike ndi zida zolumikizira. Pamene kukumba nkosatheka pali mawailesi awiri oyang'anizana a point to point, amagwira bwino ndithu bola azionana popanda chotchinga, mtengo umene lero ndi waufupi zaka ziwiri zikubwerazi udzakhala pakati.

Chomaliza chimene chimaiwalika ndi kadi ya netiweki ya mu chipangizo chanucho. Mukhoza kugula rauta ya Wi-Fi 6 koma ngati laputopu ndi ya nthawi ya 802.11n, ya 2009, yodziwa 2.4 GHz yokha, iziyendabe mmene imayendera. Kaadaputa ka Wi-Fi ka pa USB kangaitsitsimutse. Malaputopu opyapyala a masiku ano ambiri alibe poti ya waya, nde gulani adaputa ya USB kupita ku Ethernet, koma ikhale ya USB 3.0, chifukwa USB 2.0 imathera pa 480 Mbps ndipo gigabit singakwanemo.

Ine nditapatsidwa nyumba ya zipinda zinayi kapena kaofesi ka anthu khumi lero, bokosi la kampani ndingalisiye likhale rauta, pambali pake swichi ya gigabit ya mapoti 8 kapena 16 yokhala ndi PoE, chilichonse chosayenda monga TV, pulinta ndi makompyuta a pa desiki chipite pa waya kuti mlengalenga mutsale mafoni ndi malaputopu okha, access point imodzi kapena ziwiri kudenga, zonse pa ka UPS kamodzi. Pokoka waya ndimakoka iwiri pamene pakufunika umodzi, chifukwa chovuta ndi kukwera kudenga osati wayayo. Ndipo waya uliwonse ulembedwe nambala mbali zonse ziwiri musanatsike pa makwerero, ndi maka yosafufutika kapena kasitika, nambala yomweyo ilembedwenso pa soketi ya pakhoma.